Ma results a folomu 4 atulukadi kapena ndi mphekesera?

Lachitatu usiku

Make Tada: Anthu a Mulungu mwaswera bwanji, pepani ndalowa usiku chonchi. Ndamva mu minibasi pochokera ku depoti kuti ma results a folomu 4 atuluka mawa, alipo wamva zenizeni? Kuno kwathu zinthu sizili bwino, mtsikana wanga sabata yachiwiri ino sakudya, nsima angotsina kawiri katatu basi wasamba m'manja, usiku ndikumamumva akutembenuka pa mphasa mpaka tambala woyamba. Masana ndimamulimbitsa mtima koma ndikagona ineyo mtima uli phaphapha ngati wolemba mayesoyo ndinali ine

A Nabanda: Mawa ameneyu anayamba mwezi watha mayi anga. Mdzukulu wanga wandiuza mawa kanayi konse, foni sakuisiya mpaka kubafa akupita nayo

Aphunzitsi a ku Kawale: Za mu minibasi musamazitengere ku mtima amayi. Tsiku likakwana a unduna wa zamaphunziro pamodzi ndi a bungwe la mayeso la MANEB amaitana atolankhani nkulengeza poyera, mumva pa wailesi komanso pa tsamba lawo la Facebook. Chaka chilichonse nthawi ngati ino pamazungulira kakalata kabodza pa WhatsApp kokhala ndi chidindo chooneka ngati chenicheni, ana nkumagona ndi njala chifukwa cha pepala loti walemba mnzawo pa foni.

Make Tada: Nanga chimachedwetsa nchani aphunzitsi? Analemba kalekale kukuzizira, pano tikugona osafunda

Aphunzitsi a ku Kawale: Ntchito yake njambiri. Ine ndakhalako kochonga mayeso zaka zingapo. Mapepala a dziko lonse, kuyambira Chitipa mpaka Nsanje, amasonkhanitsidwa, ife ochonga timatsekeredwa malo amodzi masabata angapo, mmawa mpaka madzulo ndi bolopeni yofiira. Ukachonga mtolo wako wina amatengamo mapepala ena nkuwaonanso ngati wapereka malikisi moyenera, wina amawonkhetsanso kuti pasakhale kuphonya masamu. Zikatha apo malikisi alowe mu kompyuta, akuluakulu akhale pansi kugwirizana kuti giredi iliyonse iyambire pati, ndiye pali nkhani za amene anagwidwa ndi likasa zoti aziunike kaye. Mwana mmodzi amalemba maphunziro 7, 8, ena 9, ndipo phunziro limodzi limakhala ndi mapepala awiri kapena atatu. Muwerengetse nokha.

Sisi wa ku Bunda: Amayi muuzeni Tada kuti kudikira kwakeku kuli ndi malire, apirire. Ife a 2020 ndi amene tinaona zakuda, sukulu anatseka mu March chifukwa cha Covid tinakhala pakhomo miyezi, titabwerera tinayamba kulemba kenako mu November akuti mayeso abooka, onse afafanizidwa. Ndimakumbuka tinali titavala kale yunifolomu a hedi akutiuza pa asembule, atsikana ena anangokhala pansi pa fumbi nkuyamba kulira. Tinakalembanso mu January 2021, Khirisimasi yonse ine ndili ndi buku la Biology pa mwendo anzanga akudya mpunga. Koma zinatha ndithu pano ndikumaliza ku Bunda

A Nabanda: Inu ana a lero muli ndi mafoni. Ife kale timadikira maina pa wailesi, mudzi wonse kuzungulira kawailesi kamodzi mabatire titawayanika padzuwa tsiku lonse kuti asathe mphamvu dzina lisanatchulidwe. Akafika pa chilembo cha dzina lako ndiye mwana wina alire kapena galu auwe, osamva, nkumafunsana kuti watchula kapena sanatchule

Bambo a ku Chilinde: Ine wanga ndi mnyamata, sakuonetsa kalikonse, akungoti zili bho dadi. Koma mayi ake akuti akumadzuka 4 koloko kukakhala pa khonde yekha. Tiyeni tigone anthuni, mawa liri ndi zake

Lachinayi masana

Mnyamata wa kabaza: ATULUKA!! ndamva pompano pa wailesi ya mu shopu pa siteji, makolo thamangani

A Nabanda: Zoona iwe? Usatiseweretse mitima

Aphunzitsi a ku Kawale: Nzoona, alengezadi. Koma mverani kaye musanakwere njinga. Chimene chiyambe kuzungulira pa mafoni ndi pass list, maina okha a amene akhoza, sukulu ndi sukulu. Ma point ndi magiredi mulibemo. Zimenezo mukazipeza ku sukulu kumene mwana analembera, ndipo sukulu zina zimatenga tsiku kapena awiri kuti mapepala awafike.

Make Tada: Ndili pa msika ku Nsungwi manja akunjenjemera ndalephera ngakhale kubweza chenji, kasitomala wachita kundiwerengera yekha. Bandulo yandithera, wina andionere chonde ndatumiza dzina ndi sukulu ku inbox kwa Sisi

Sisi wa ku Bunda: Ndikutsegula amayi netiweki ikuvuta anthu achuluka, fayilo yake ndi yaikulu

Make Tada: Ndikudikira mwanawe

Make Tada: Sisi?

Sisi wa ku Bunda: LILIPO amayi!!! dzina lilipo ndaliwerenga katatu ndi nambala yomwe ikugwirizana

Make Tada: Ambuye wanga. Ndaimba nthungululu pakati pa msika anthu adabwa, mayi wogulitsa nyemba pafupi nane wandigwira ndimafuna kugwa. Tomato ndamusiyira mnzanga ndikuthamangira kunyumba. Mwana ameneyu ndamuphunzitsa ndi tomato yemweyu ndi ngongole za banki mkhonde chimwalirireni bambo ake, zaka 4 ndikulipira fizi mochita kudula pang'onopang'ono, anthu ankati mtsikana ukungotaya ndalama akatenga mimba ameneyo. Lero ndiyende mutu uli mmwamba mu Area 25 muno

A Nabanda: Alililili! Wanganso lilipo. Nkhuku yafa lero

Anesi: Zabwino zonse amayi nonse. Make Tada mukatenga silipi mutiuze magiredi, paja munati akufuna za unamwino

Mnyamata wa kabaza: A Chilinde mwangoti zii bwanji bambo

Bambo a ku Chilinde: Ndayang'ana kasanu. Palibe.

Aphunzitsi a ku Kawale: Pepani bambo. Mwaona pa center yolondola? Ena amalembera pa sukulu ina osati imene amaphunzira, makamaka a ma open ndi ma private ang'onoang'ono, ndiye dzina limakatulukira kumeneko.

Bambo a ku Chilinde: Center ndi yomweyo, anzake a kalasi imodzi alipo, iye yekha ndi ena ochepa. Ndili ku ntchito ku Kanengo sindikudziwa ndikafika ndikamuyang'ana bwanji. Mayi ake akuti wadzitsekera kuchipinda chimvereni, sakuyankha. Ndagulitsa njinga yanga ya moto chaka chatha kuti ndimulipirire part time ya Maths ndi Physics, kunena zoona mkwiyo ndili nawo

Mnyamata wa kabaza: Bambo ndikupempheni chinthu chimodzi ngati mwana wanu, lero musakatchule za njingayo. Ine ndinalakwa folomu 4 koyamba, bambo anga anandiuza pamaso pa azing'ono anga kuti ndadya ndalama zawo zaulere, mawu amenewo anandipweteka kuposa ma results, ndinachoka pakhomo masiku atatu ndimagona mu shedi ya pa msika ndipo maganizo amene ndinali nawo usiku umenewo sindifuna mwana wina akhale nawo. Iyeyo akudziwa kale za njinga, akuiwerengera yekha muchipindamo kuposa inu

Anesi: Wanena zoona mnyamatayu. Ife kuchipatala nyengo ya ma results timaiopa, timalandira ana amene aganiza zolakwika chifukwa cha pepala limodzi. Imbirani mayi ake pompano, asamusiye yekha pakhomo, chitseko chisakhale chokiya, ndipo ngati mnyumba muli mankhwala a mbewu kapena a makoswe awachotse mwakachetechete. Sindikukuopsezani ayi koma mwana amene amati zili bho nthawi zonse ndi amene amasunga zambiri mumtima. Mukafika musamufunse mafunso, mungokhala naye, mudye naye mbale imodzi. Akanena mawu oti moyo watopa nawo musawatenge ngati nthabwala, mupite naye kuchipatala usiku omwewo

Bambo a ku Chilinde: Ndamva. Ndapempha kuweruka msanga, ndili pa siteji

A Nabanda: Mwana wa mnzako ngwako yemwe, tonse tili nanu bambo. Nkhuku yanga ndidya mwakachetechete

Lachisanu

Make Tada: Anthuni ndabwerako ku sukulu chimanjamanja. A bursar akuti pali balansi ya teremu yomaliza ndiye silipi sapereka mpaka ndimalize. Ndawachonderera kuti ingondionetsani ndi maso ndisaitenge, akana, envelopu ili pa tebulo pomwepo dzina la mwana wanga ndikuliona, iwo aika chikho cha tiyi pamwamba pake. Tada anangotuluka panja nkukaima pansi pa mtengo. Ndalama ya mayeso ku MANEB ndinalipira yonse ndekha risiti ndili nayo, nanga ma results akhala bwanji chikole?

Bambo a mapasa: Koma apa tinene chilungamo, sukulu nazonso zimalipira aphunzitsi ndi fizi yomweyo. Makolo ambiri mwana akangotenga pepala sabweranso, ngongole imafera pompo. Mukanakhala inu mukanatani

Make Tada: Sindikukana ngongole bambo, zaka 4 sindinathaweko. Ndikuti andionetse chabe

Aphunzitsi a ku Kawale: Nonse muli ndi mfundo koma musalimbane ndi a bursar, iwo amangotsatira zimene auzidwa. Pitani kwa a hedi, mutenge ndalama imene muli nayo ngakhale theka, mulembe kalata yolonjeza tsiku lomalizira nkusaina. Ambiri akaona kholo labwera lokha ndi kenakake m'manja amafewa. Ndipo muwauze kuti mwana akufunika magiredi kuti akonzekere kufunsira malo, palibe mphunzitsi amene amafuna mwana wake wokhoza aphonye yunivesite, ndi mbiri ya sukulu yomwe.

A Nabanda: Make Tada bwerani kuno mudzatenge yanga ya chipereganyu ya sabata ino, mudzabweza mwezi ukatha. Musakane

Make Tada: Amama mwandichititsa manyazi ndi chikondi chanu. Ndikubwera

Admin: Tili pomwepa ndichenjeze. Mwalowa nambala ina mu gulu lino usiku ikulembera makolo ku inbox kuti ili ndi munthu ku Zomba amene angasinthe magiredi kapena kuika dzina pa pass list mukatumiza ndalama pa foni. Ndaichotsa. Ndi akuba amenewo, amadziwa kuti sabata ino makolo mitima ili mmalere. A Chilinde makamaka inu akupezani, musayankhe

Bambo a ku Chilinde: Anandilembera kale 5 koloko mmawa. Kunena zoona ndinawerenga kawiri ndisanafufute

Make Tada: Ndaitenga!! A hedi andilandira bwino, ndalipira theka ndasaina. Nayi: English 3, Chichewa 2, Agriculture 2, Biology 3, Geography 3, Chemistry 4, Physics 6, Maths 7. Akuti 17 points. Ine ndikuvina koma mwini wake waiona nkuyamba kulira, akuti Maths yamuphera zonse. Ndithandizeni sindikumvetsa, 17 si yabwino kodi?

Sisi wa ku Bunda: 17 ndi yabwino amayi, wamenya ntchito Tada

Aphunzitsi a ku Kawale: Ndi yabwino ndithu, koma mwanayo akulira chinthu chenicheni, tisamutonthoze ndi bodza. Ndifotokoze pang'onopang'ono chifukwa makolo ambiri amangomva nambala ya ma point basi. Ku MSCE giredi imayambira 1 mpaka 9, ndipo yochepa ndiye yabwino. 1 ndi 2 ndi distinction, 3 mpaka 6 ndi credit, 7 ndi 8 ndi pass wamba, 9 walakwa. Ma point amawonkhetsa maphunziro 6 amene mwana wakhoza bwino kwambiri, nchifukwa chake wopambana zedi amakhala ndi 6 points. Tada 3, 2, 2, 3, 3, 4 ndi 17 imeneyo, Physics ndi Maths sizinalowe nawo mu kuwonkhetsako. Kuti ufunsire malo ku yunivesite za boma pamafunika ma credit 6 kuphatikizapo English, iye ali nawo 7, pamenepo wadutsa bwinobwino. Vuto ndi loti kosi iliyonse ili ndi maphunziro ake amene imayang'ana. Za unamwino, udokotala, uinjiniya, za sayansi zambiri zimafuna credit ya Maths, ndiye 7 ndi pass chabe. Mwana wa 22 points amene ali ndi 5 ku Maths akhoza kuloledwa kufunsira kosi imene wa 17 uyu sangaloledwe. Apa ndi pamene pakumupweteka.

Make Tada: Ayi ndamva tsopano. Ndiye kusiyana kwa 6 ndi 7 kokhako kutseke chitseko?

Anesi: Kumatseka amayi, ine zinandichitikira, nthawi yathu inali Physical Science isanagawidwe kukhala Physics ndi Chemistry, ndinapeza 7 ndinabwereza chaka chathunthu. Koma muuzeni kuti unamwino suli ku yunivesite ya zaumoyo ya KUHeS kokha. Kuli Malawi College of Health Sciences, kuli makoleji a mishoni a CHAM ngati ku Nkhoma, anamwino ambiri amene mumawaona m'zipatala anadzera kumeneko nkumadzakweza maphunziro pambuyo. Kungoti nakonso amayang'ana masayansi, ndiye Maths yo njofunika kuikonza basi ngati mtima wake uli pa unesi

Bambo a mapasa: Ine ndiye ndingati asataye chaka. 17 points afunsire zimene akuloledwa, education kaya za chilankhulo ku Chanco, akalowe basi. Fodya wako ndi amene ali pamphuno. Kubwereza kuli ndi ngozi yake, mtsikana akakhala pakhomo chaka chonse anyamata a mu 25 simukuwadziwa inu? Komanso fizi ina ichokera kuti poti iyi yomwe mwachita kukongola

Sisi wa ku Bunda: Bambo ulemu wanu koma kulowa kosi yoti suifuna nakonso ndi ngozi. Tili nawo anzathu anangolemba kosi kuti bola ndalowa, chaka choyamba chomwe anachotsedwa atalakwa mayeso chifukwa mtima kunalibe. Koma amayi chimene ndinganene, siziletsana. Akatsegula a NCHE, bungwe loona za maphunziro apamwamba, afunsire ndithu, ndi fomu imodzi ya mayunivesite onse a boma, UNIMA ku Zomba, MUBAS imene inali Poly, KUHeS, MZUNI, MUST ku Thyolo ndi kwathu ku LUANAR, umasankha makosi angapo nkuwandandalika kuyambira imene ukuifunitsitsa. Pomwe akudikira selection alembetse Maths ngati external aziwerenga. Ikatuluka selection ali ndi dzina asankha yekha, ikapanda kutuluka sanataye kanthu. Chimene chimagwetsa anthu ambiri ndi kudzaza fomu mwa maloto, munthu wa 17 kulemba medicine, pharmacy pamwamba mpaka pansi osaikapo ngakhale imodzi yoti angapikisane nayo, kenako nkumati anandibera malo

Aphunzitsi a ku Kawale: Sisi wanena zonse. Ndiwonjezere kuti chikalata cha NCHE chikatuluka muchiwerenge mzere ndi mzere, chimalemba kosi iliyonse ndi maphunziro amene ikufuna, komanso muonetsetse zimene akunena pa nkhani yophatikiza magiredi a zaka ziwiri musanalipire ndalama yobwereza phunziro limodzi. Musadalire mnyamata wa pa kafe kuti akusankhireni, iye amangofuna mzere uthe. Ndinaona mwana wina wa kalasi langa, wanzeru zedi, anapatsa wa pa kafe kuti amudzazire, anamuikira makosi ofuna Physics pomwe iye Physics sanalembe nkomwe. Chaka chinapita choncho.

Bambo a mapasa: Nanga remarking? 7 ikhoza kukhala kuti inatsala malikisi awiri kuti ikhale 6

Aphunzitsi a ku Kawale: Njira ilipo, umalipira pa phunziro limene ukufuna alionenso kudzera ku sukulu ndipo nthawi yake imakhala yochepa. Koma mufunseni Tada yekha, pa mock Maths anapeza bwanji? Ngati ankapeza 3 kapena 4 nthawi zonse ndiye 7 yadabwitsa, yesani. Ngati ankazungulira pa 6 ndi 7 pomwepo, ndalamayo bola igule buku.

Make Tada: Ndamufunsa akuti mock anapeza 7 yomweyo, paper 2 nthawi inamuthera mafunso awiri sanawakhudze. Akuti remarking ayi, akudziwa yekha

Malume a Area 18: Ndalowa mochedwa koma nkhaniyi yandikumbutsa kale. Nthawi yathu ma point okha sankakwana, ukakhoza MSCE umakalembanso entrance ya University of Malawi, tsiku limodzi mapepala atatu, chilankhulo, masamu ndi kuganiza mwachangu, ndiye kudikira kunali kawiri. Pamwamba pa izo kunabweranso quota, mwana nkumayang'aniridwa boma limene akuchokera, mpaka anaithetsa mu 2020. Pano bola mwana akudziwa kuti akupikisana ndi magiredi ake. Chimene sichinasinthe ndi kuchepa kwa malo, oyenera amachuluka kutalitali kuposa mipando, ndiye amene sanatengedwe sikuti ndi mbuli ayi. Ndipo Make Tada yambani pano kusonkhanitsa mapepala a loan, ku Loans Board amafuna umboni woti mwana ndi wosowadi, kalata ya imfa ya bambo ake muisunge pabwino ndi chiphaso cha mwanayo. Anthu amadzadzidzimuka dzina litatuluka, masiku atatha

Make Tada: Kalatayo ili mu sutikesi, ndiipanga fotokope mawa. Zikomo malume sindinaganizeko zimenezo

Loweruka mmawa

Anesi: A Chilinde kwacha bwanji kumeneko? Dzulo za mnyamata simunalembe, ndagona ndikukuganizirani

Bambo a ku Chilinde: Kwacha bwino amayi, pepani ndinazimitsa foni. Lachinayi lija nditafika ndinagogoda sanatsegule, ndinangokhala pansi pa chitseko panja ndi mbale ya nsima, magetsi anali atazima ndiye tinali mu mdima tonse iye mkati ine kunja. Ndinamuuza kuti ine folomu 2 sindinaidutse ndipo ndakulera iwe, palibe chimene chatha apa. Patapita nthawi ndinamva loko akutsegula. Sitinalankhule zambiri, anadya mitanda iwiri, analira, inenso ndinalira pamaso pa mwana wanga koyamba. Za njinga sindinatchule, iye ndi amene anaitchula, ndinamuuza kuti njinga zili mbwee mu shopu

Mnyamata wa kabaza: Bambo mwandiliza pa siteji pano

Bambo a ku Chilinde: Dzulo tinapita limodzi kukatenga silipi. Aphunzitsi tandimasulireni, Maths 4, Physics 5, Chemistry 6, Agriculture 5, Geography 6, Biology 7, Chichewa 7, English 9. Ine ndimaganiza kuti walakwa zonse

Aphunzitsi a ku Kawale: Bambo mwana wanuyu sanalakwe zonse, wagwa ndi English yokha. Lamulo la satifiketi ya MSCE ndi loti English uikhoze, ukapeza 9 pamenepo ngakhale ena onse akhale ma 1 dzina silituluka pa pass list. Taonani ma credit 5, atatu mwa iwo ndi Maths, Physics ndi Chemistry, maphunziro amene ana ambiri amawathawa. Part time ija sinapite pachabe, ndi imeneyi ikuoneka apayi. Chimene chinachitika nchoti mphamvu zonse zinapita ku sayansi English nkuisiya kuti ndi yophweka, ndimaziona chaka ndi chaka makamaka kwa anyamata, mabuku a literature osawatsegula nkomwe, composition osayeserera, summary ndi note making kungoziwonera patali. Abwereze, ndipo ngati mungathe asalembe English yokha, awonjezere Biology kapena Chichewa kuti ma credit akwane 6 mosakayikitsa. Mwana wa Maths 4 ndi wa ku MUBAS kapena MUST ameneyo akakonza chilankhulo.

Bambo a ku Chilinde: Ndamuwerengera uthenga wanu mokweza. Wamwetulira koyamba chiyambire Lachinayi. Akufunsa ngati pa miyezi imeneyi angayambe kuphunzira zamagetsi, amakonda kulumikiza mawaya

Malume a Area 18: Ayambe kumene. Apite akafunse ku Lilongwe Technical College kapena ku Namitete za nthawi yolembetsa ndi zimene amafuna, a TEVETA, oyang'anira maphunziro a ntchito zamanja, amalengezanso akamatenga ana. Pakadali pano mupezereni fundi wa mdera lanu azimunyamulira zida masana, madzulo English. Manja akakhala ndi chochita mutu sumazungulira

Aphunzitsi a ku Kawale: Loweruka lililonse 2 koloko ndimakhala ndi ana anayi pa khonde panga tikuchita English, abwere adzakhale wachisanu, Chilinde ndi Kawale mpafupi ayenda wapansi. Ndalama ayi, angobwera ndi kope ndi bolopeni, ndipo sabata iliyonse azindilembera composition imodzi.

Make Tada: Bambo a Chilinde ndiye timve izi, wanu ali ndi Maths alibe English, wanga ali ndi English alibe Maths. Tada wawerenga zonsezi pa foni yanga akuti afunsira ku NCHE monga wanenera Sisi koma Maths alembanso, unesi sakuusiya. Akuti ngati mnyamata wanu angamuthandize ma past paper a paper 2 iye amuthandiza literature, azikumana kwa aphunzitsi konko ine ndizimupatsa ya minibasi

Bambo a ku Chilinde: Wavomera. Akuti abweretse mathematical set ndi graph book, ayambira pa zimene zinamuthera nthawi zija

Sisi wa ku Bunda: Ma past paper a Maths ndili nawo a zaka zingapo ndi mayankho omwe ndinalemba ndekha, ali kunyumba ku Chinsapo mu katoni. Ndibwera weekend ya mawa, ndani angawatenge pa depoti?

Mnyamata wa kabaza: Ine sisi, mungondiflasha mukatsika ya ku Chinsapo. Ndikawasiya pa benchi ya tomato ya amayi ku Nsungwi, ulendo umenewo sindilipiritsa

Make Tada: Ukadzafika usadzachoke wopanda tomato iwe. Benchi yachitatu kuchokera ku mpopi, ambulera yobiriwira